Kalata yotseguka kwa akuluakulu: ana a kutsidya kwa Shire omwe adatsala m'makomo mwathu

Olemekezeka a Nduna oona za chitetezo cha m'dziko, a Nduna a zamaphunziro, akuluakulu a nthambi yoona za anthu othawa kwawo, mabwana a kalembera wa dziko, ma DC athu a Nsanje ndi Chikwawa, aphungu ndi makhansala, komanso mafumu athu onse a kuno kuchigwa,

Ndakupatsani moni nonse mwaulemu, ndikhulupirira kuti kalata ino ikupezani muli bwino pamodzi ndi mabanja anu. Ife kuno tilipo, kutentha kwake ndi komwe mukukudziwa kuja. Ine ndine mlimi wamba wa m'dera la mfumu yaikulu Tengani, ndimalima chimanga ndi mbatata kudimba, madzulo ndimaphunzitsa mpira anyamata a m'mudzi mwathu. Palibe chipani kapena bungwe lomwe landituma. Ndalemba poyera chifukwa nkhaniyi si ya pakhomo panga pokha, ili m'makomo ambiri kuyambira ku Marka kudzafika ku Bangula, kuwolokera ku Makhanga ndi ku Muona, kungoti anthu akuopa kuyikamba poganiza kuti akatsegula pakamwa ana omwe akuwasungawo adzatengedwa.

Ndikunena za ana a ku Mozambique omwe adawoloka kumapeto kwa 2024 ndipo mpaka lero ali nafe. Mukukumbuka kuti anzathuwa adavota pa 9 Okutobala chaka chimenecho, otsatira a Venâncio Mondlane, yemwe ankapikisana nawo pa upulezidenti, adakana zotsatira, ndiye khoti lawo litagamula pa 23 Disembala kuti apambana ndi a Daniel Chapo a Frelimo zinthu zidafika poipa, mashopu kuotchedwa, maofesi kuswedwa, anthu kuphedwa. Ife Khrisimasi imeneyo sitidaidye bwinobwino, tinkangoona mabwato akukocheza padoko usiku ndi usana, azimayi mitolo pamutu ana kumsana, ena nkhuku m'manja, ambiri ochokera mbali ya Morrumbala kuja timaona phiri tikaima pabwalo kwathu kuno. Pawailesi ankati anthu pafupifupi 13,000 alowa m'boma la Nsanje, ena podzera pa Shire ena pa Ruo. Ankagona m'masukulu, m'matchalitchi ndi pansi pa mitengo, ndipo nthawi imeneyo ifenso tinali pa njala ya ng'amba ija boma lidalengeza kuti maboma 23 ali pangozi, kuno ena ankadya nyika zokumba kudambo, komabe sindidamve kuti pali mudzi womwe udabweza bwato.

Ndiyambe ndathokoza chifukwa pomwe mudachita bwino tiyenera kunena. Mudatumiza olemba mayina, kampu ya Nyamithuthu idatsegulidwanso, a UNHCR, bungwe la United Nations loona za othawa kwawo, ndi mabungwe ena adabwera ndi matenti ndi chakudya, kuchipatala odwala ankathandizidwa osafunsidwa kuti kwanu nkuti. Mu Malichi 2025 maboma awiriwa adagwirizana ndipo anthu masauzande adabwerera kwawo. Pamenepo takhuta kwambiri, ndiko kuti tathokoza m'Chisena. Koma kuchokera nthawi imeneyo zikuoneka ngati m'mabuku mwanu nkhaniyi idatsekedwa, ngati kuti aliyense amene adabwera adalembedwa ndipo aliyense amene adalembedwa adapita. Si choncho ayi mabwana.

Inu mukudziwa kuti malire a kuno adadutsa pakati pa anthu amodzi. Asena ndi Amang'anja a tsidya lino ndi a tsidya lija ndi pachibale, timakwatirana, timaikana maliro, ena minda yathu ili konko, chimanga chikasowa kuno timakasuma konko. Ndiye munthu wothawa zipolowe akadziwa kuti kwa Tengani kapena kwa Mlolo kuli azakhali ake sangakagone mu tenti, amalunjika kwa azakhali akewo, ndipo olemba mayina sadafike m'nyumba zimenezo. Nthawi yobwerera itakwana akuluakulu ambiri adatsogola kuti akaone kaye ngati nyumba ilipo, ana nkuwasiya kuti tidzakutengani, ena adabweradi kudzatenga ena mpaka lero zii. Palinso ana omwe adabwera ndi agogo awo okalamba, agogowo nkumwalira kuno.

Wa pakhomo panga ndi mmodzi mwa amenewo. Dzina sinditchula. Adabwera ali ndi zaka 14 pamodzi ndi agogo ake aakazi omwe anali pachibale ndi apongozi anga, mayi ake adamwalira kale ali wamng'ono, bambo ake adapita kukafuna ntchito ku Beira ndipo adasiya kulankhula nawo kalekale. Agogowo adadwala nthawi ya dzinja lomwelo nkutisiya, a mfumu adatipatsa malo tidawaika kumanda kwathu. Ndiye ndikamva wina akunena kuti ku Mozambique kuli bata abwerere kwawo, ndimafunsa kuti abwerere kwa ndani? Manda a munthu yekhayo amene ankamulera ali kuno.

Dandaulo langa loyamba, lomwenso likundipweteka kuposa onse, ndi la dzina. Mwana ameneyu alibe pepala lililonse, la kwawo lidatsala m'nyumba pothawa, la kuno alibe chifukwa sadalowe mu kampu. Kusukulu amafunsa dzina la bambo, mudzi ndi mfumu. Akafika zaka 16 anzake onse akukajambulitsa chiphaso cha unzika iye adzangowaperekeza, ndipo masiku ano popanda chiphaso simu khadi sungalembetse, Mpamba kapena Airtel Money sungatsegule, ntchito yolongosoka sungalembedwe, pa rodibuloko mtima umakhala uli m'mwamba. Ndiye mukudziwa zomwe anthu akuchita? Akuwapatsa anawa mayina awo. Anthu ondifunira zabwino ndithu akhala akundiuza kuti bwanji mukuvutika, ingomulembetsani ngati mwana wanu wobereka, a mfumu adinda kalata, Chisena amayankhula, nkhope ndi yathu yomweyi, ndani adzafunse? Ndipo ndikudziwa makomo omwe achita kale zimenezi, sindikuwaweruza chifukwa adachita pofuna kuti mwana aphunzire.

Ine ndidakhala naye pansi nkumufunsa maganizo ake. Adakhala chete nthawi yaitali akujambula pansi ndi kamtengo, kenako adati, ababa, ine ndikatenga dzina lanu ndiye tsiku lomwe bambo anga adzandifune adzafunsa dzina liti? Mabwana ndidasowa chomuyankha. Kwa ife Asena mwana ndi wa kuchimuna, dzina la bambo ndiye mtundu wake, ndiye mzere wa makolo ake, ndi lomwe limatchulidwa pa ukwati ndi pa maliro. Mwanayu adataya nyumba, adataya sukulu yake, adataya agogo ake, chomwe chamutsalira ndi dzinalo basi, ndiye dongosolo lathu likumuuza kuti ngati ukufuna kuwerengedwa ngati munthu taya limenelonso. Pomwe malamulo aakulu a dziko lino pa gawo 23 amati ana onse ayenera kuonedwa mofanana posatengera mmene adabadwira, ndipo mwana aliyense ali ndi ufulu wokhala ndi dzina lake, dzina la banja lake komanso dziko. Sadalembe kuti ana a Amalawi okha. Komanso taganizani, kulembetsa zabodza ndi mlandu, ndiye tikuika pa mlandu makolo achifundo ndi mafumu athu, ndipo mwana akukula akudziwa kuti moyo wake wa kuno udayambira pa bodza lomwe lingaululike tsiku lina atayambana ndi mnzake pa nkhani ya malo. Kuno nkhani za malo mumazidziwa mmene zimakhalira, munthu amakukumbutsa komwe agogo ako adachokera.

Chachiwiri ndi sukulu. Kwawo mnyamatayu anali atafika kalasi ya 6, koma kumeneko amaphunzira m'Chipwitikizi, kuno ndi Chichewa ndi Chingerezi. Chaka chawo cha sukulu chimayamba kumayambiriro kwa chaka, chathu mu Seputembala, ndiye adafika pakatikati. Aphunzitsi adamuyesa kuwerenga Chingerezi sadathe ngakhale mzere umodzi, adamubweza sitandade 4. Mnyamata wamtali mawu ayamba kale kukula akukhala pansi limodzi ndi tiana ta zaka 9, masamu amamaliza onse asadayambe mpaka aphunzitsi amamutuma kuthandiza anzake, koma ikafika nthawi ya Chingerezi amangoyang'ana pabolodi. Aphunzitsiwo sindikuwadandaula ayi, kalasi ndi yodzaza mpaka ena amakhala pakhomo, sangasiye onsewo nkumaphunzitsa mmodzi zilembo, ndipo ahedi adandiuza okha kuti palibe kalata iliyonse yochokera kumtunda yowauza chochita ndi ana oterewa, aliyense amangochita mmene mtima wake wamuuzira. Ndiye mwana akapeza ahedi achifundo walowa, akapeza ena amabwezedwa. Kusukulu ina mtsikana adauzidwa kuti abweretse kaye kalata ya transifa yochokera kusukulu yake yakale. Akaitenge bwanji, awoloke yekha pa ng'ona kukafuna mphunzitsi amene mwina nayenso adathawa?

Ndipo apa ndinenepo pang'ono za ana athu omwe. Mwana wa kuno amakula ndi Chisena kapena Chimang'anja pakhomo, akafika kusukulu nkukumana ndi Chichewa cha m'buku ndi Chingerezi, ambiri amagwa pomwepo. Ndiye thandizo la chiyankhulo lomwe ndikupempha silidzapindulira alendo okha. Unduna uli kale ndi pulogalamu ya CBE ya ana omwe adasiya sukulu kapena adachedwa kuyamba, yomwe imawathamangitsa maphunziro kuti abwerere m'kalasi yoyenera msinkhu wawo, bwanji osaifikitsa m'midzi ya m'mbali mwa mtsinjemu? Achinyamata odziwa Chisena, Chipwitikizi ndi Chingerezi alipo kuno ambiri, ena ali ndi MSCE akungopalasa kabaza.

Za mumtima mwa mwanayu ndi zomwe sizioneka pa fomu iliyonse. Poyamba ankaimba nyimbo za Chipwitikizi akamatunga madzi, pano adasiya, anzake atayamba kumuitana kuti wakutsidya adayamba kubisa chilichonse chosonyeza komwe adachokera, mpaka akakumana ndi amalonda a kwawo pamsika akamulonjera m'Chipwitikizi amayankha m'Chichewa. Koma usiku akamawerengera mbuzi m'khola ndimamumva akuwerenga m'Chipwitikizi chomwecho. Anzake a mpira akamufunsa kuti Flames ndi Mambas zitakumana ungachemerere iti amangoseka osayankha. Njinga yamoto ikaphulitsa utsi mwadzidzidzi amadzidzimuka mpaka kugwetsa chomwe wanyamula, ndipo zomwe adaona masiku a zipolowe aja sadafotokozepo kwa wina aliyense, ngakhale kwa mayi akunyumba omwe amagwirizana nawo kwambiri. Pagraundi pokha ndi pomwe ndimamuona ali mwana weniweni, amasewera pakati, amakuwa, amalamula anzake, palibe womufunsa pepala. Ine ndine mlimi, za uphungu wa maganizo sindidaphunzire, ndimangomupatsa mpira. Koma boma lili ndi alangizi a zosamalira anthu ndi oteteza ana omwe adaphunzira ntchito imeneyi, kungoti sangathandize mwana yemwe sakudziwa kuti alipo.

Chachitatu ndi lamulo lenilenilo, ndipo apa ndikulankhula ndi inu aphungu. Lamulo lathu la othawa kwawo ndi la 1989. Dziko lino litalowa mu pangano la United Nations la 1951 lokhudza othawa kwawo m'chaka cha 1987 lidakana kumangidwa ndi mfundo zingapo, kuphatikizapo za ufulu woyenda ndi kukhala pomwe munthu wafuna, za ntchito, za maphunziro m'sukulu za boma ndi za kupatsidwa unzika. Ndiye njira zomwe zilipo ndi ziwiri basi, kampu kapena kubwerera. Kampu yake ndi Dzaleka ku Dowa, yomwe idatsegulidwa mu 1994 kuti musungidwe anthu pakati pa 10,000 ndi 12,000 koma pano muli oposa 50,000, chakudya chake chomangodulidwa. Anthu kuno adamva zomwe zidachitika mu Meyi 2023 pomwe othawa kwawo omwe ankakhala m'matauni adagwidwa, mazana kukasungidwa kundende ya Maula, ana omwe, kenako nkuwapititsa ku Dzaleka. Ndi chifukwa chake mayi wa kwa Mlolo amene akusunga mwana wa mchemwali wake sangapite yekha kukanena, akuopa kuti galimoto ibwera nkumutengera mwanayo ku Dowa komwe kulibe womudziwa, kulibe woyankhula Chisena, kozizira komwe sadakuonepo. Kumuchotsa mwana pakhomo pomwe akudya, akuphunzira, akukondedwa, nkukamuika mu kampu yodzaza kale, phindu lake ndi la ndani? Ngakhale boma lenilenilo likhala likuwonjezera pakamwa podyetsa pomwe ife tikudyetsa kale mwaulere.

Akuluakulu adati mlendo ndi mame, ndipo lamulo la 1989 lidalembedwa ndi maganizo amenewo kuti dzuwa likatuluka onse apita. Koma ife a kuchigwa tidaona kale kuti sizitero. Ine ndinali mnyamata nthawi ya nkhondo ya Frelimo ndi Renamo pomwe anthu ankakhamukira kuno makamaka kuyambira 1986, Malawi idasunga anthu oposa 1 miliyoni, ku Nsanje kuno alendo adachuluka kuposa eni mudzi, kampu ya Mankhokwe idasanduka ngati tauni, ku Nyamithuthu komweku kolera idapha anthu mu 1990. Bambo anga adadula mbali ya munda nkupatsa banja lina, ana awo tinkadyera mbale imodzi. Mtendere utasainidwa ku Rome pa 4 Okutobala 1992 ambiri adabwerera, koma si onse. Ana amasiye adatsala, atsikana omwe adakwatiwa adatsala, anyamata omwe sankadziwanso mudzi wa kwawo adatsala. Lero ndi anthu aimvi, ali ndi zidzukulu, amalima nafe, amasonkha nafe pa maliro, koma kalembera wa ziphaso atabwera mu 2017 ena mwa iwo adazungulira nazo chifukwa lamulo la unzika limayang'ana makolo, kubadwira kapena kukulira kuno pakokha sikukwanira, ndipo ku Mozambique nakonso kulibe buku lomwe muli dzina lawo. Munthu wa zaka 45 wopanda dziko, mukumvetsa ululu wake? Anthu amenewa tili nawo m'midzimu, ndipo ana a 2024 akulowera njira yomweyo ife tikuona.

Mu 2016 anthu a ku Tete atathawira ku Kapise ku Mwanza mudatsegulanso kampu ya Luwani, anthu atathawanso kumapeto kwa 2024 mudatsegulanso Nyamithuthu. Zikusonyeza kuti nkhani imeneyi imabwerabwera, ndiye sitingamayambe pachiyambi nthawi zonse ngati zatidzidzimutsa. Tidamva kuti a Law Commission, bungwe lounika malamulo, adayamba kuunikanso lamulo la othawa kwawo lija, tidakondwa, koma ife a m'malire omwe timalandira anthuwa ndi manja athu tikufuna mawu athu alowemo.

Chachinayi ndi atsikana, ndipo apa ndilemba mtima ukuwawa. M'mudzi woyandikana nafe munali mtsikana wa zaka 15 yemwe adasiyidwa kwa achibale, banjalo ndi losauka kwambiri, madzi a namondwe Freddy mu 2023 adawakokolera zonse sadadzukebe. Kudabwera bambo wina wa njinga yamoto nkupereka kangachepe, mtsikana adapita. Onse tikudziwa kuti lamulo la maukwati la 2015 komanso kusintha kwa malamulo aakulu mu 2017 zidaika zaka 18, mafumu athu akhala akuthetsa maukwati a ana ndipo tikuwayamikira, koma pa mtsikana uyu aliyense adangoti laponda lamphawi, chifukwa kukanena kupolisi ndiye kuti waululanso kuti pakhomopo pamakhala mlendo wosalembedwa. Ena mpaka ankati bola wakwatiwa ndi Mmalawi apezerapo chiphaso. Mwana wa zaka 15 kugula pepala ndi thupi lake, zoona zimenezi tizivomereze? Anyamata nawo akutengedwa kukaweta ng'ombe za anthu olemera cha ku Ngabu, ena kukakoka makoka ku Elephant Marsh, mwezi ukatha akafunsa malipiro amauzidwa kuti ukalimbalimba tikakunenera kuti ndiwe wolowa mozemba. Amene alibe pepala alibenso pokadandaula, ndipo anthu oipa mtima amazidziwa bwino zimenezi.

Chachisanu ndichidule. Kuno ndi kwa madzi osefukira, 2015, namondwe Idai mu 2019, anamondwe Ana ndi Gombe mu 2022, Freddy mu 2023, chaka chomwe madzi sadabwere ndiye kuli ng'amba. Olemba mayina a chimanga cha thandizo akafika pakhomo amawerenga omwe ali m'kaundula wa mudzi, mwana wa kutsidya salowamo, ndiye banja lomwe lidachita chifundo ndi lomwe limagona ndi njala msanga. Mapeto ake mwana amayamba kuoneka ngati katundu wolemetsa, nkhani za ukwati ndi ubusa zija zimayambira pamenepo.

Ndikudziwa nkhawa zanu mabwana ndipo sindikuzipeputsa. Mukuopa kuti anthu akunja angalowe m'kaundula wa mavoti, mukuopa mfuti ndi akuba ng'ombe odutsa m'malire, mukuopa kuti mukafewetsa anthu adzakhamukira kuno. Ifenso ng'ombe zathu zimabedwa, chitetezo tikuchifuna kuposa inu. Koma taonani, panopa ndi pomwe ana akunja akulowa m'kaundula wa nzika, kudzera pa mayina obwereka aja, chifukwa khomo loona mudalitseka. Mukatsegula khomo loona mudzadziwa kuti ali angati, ali kwa yani, dzina lawo lenileni ndani. Sindikupempha kuti mugawe unzika ngati mbewu ayi. Ndipo tisaiwale kuti chaona mnzako chapita mawa chili pa iwe, ife tomwe njala ikavuta timawoloka kukagwira ganyu konko ndipo amatilandira.

Choncho mwaulemu ndikupempha izi:

1. Bwererani m'midzi ya m'malire ya Nsanje ndi Chikwawa mudzalembe ana onse a ku Mozambique omwe adatsala m'makomo, pogwiritsa ntchito mafumu, atsogoleri a mipingo ndi alangizi oteteza ana. Koma musadabwere lengezani pawailesi m'Chisena, m'Chimang'anja ndi m'Chichewa kuti palibe amene amangidwe kapena kulipitsidwa chifukwa chosunga mwana, ndipo palibe mwana atengedwe mokakamiza. Popanda lonjezo limeneli mudzapeza zitseko zotseka.

2. Mwana aliyense apatsidwe chikalata cha boma chokhala ndi chithunzi chake ndi dzina lake lenileni, la bambo ake, cholandirika kusukulu, pa mayeso a MANEB, kuchipatala ndi pa rodibuloko. Omwe adalembetsedwa kale pa mayina obwereka apatsidwe mpata wokonza popanda mlandu kwa iwo, kwa owasunga kapena kwa mfumu.

3. Pomwe pali banja lomwe likumusamala bwino, mwana aloledwe kukhala pomwepo movomerezeka, alangizi aziyendera kuona ngati akupita kusukulu ndiponso ngati sakuzunzidwa.

4. Unduna wa zamaphunziro utumize kalata imodzi yomveka kwa ahedi onse kuti mwana asabwezedwe chifukwa chosowa transifa, ayesedwe m'chiyankhulo chomwe amamva kuti aikidwe kalasi yoyenera, ndipo makalasi a CBE ndi a Chingerezi chamadzulo atsegulidwe m'zoni za m'mbali mwa Shire ndi Ruo, ana athu omwe adatsalira alowemo limodzi.

5. Mukambirane ndi akuluakulu a ku Morrumbala ndi ku Mutarara, pamodzi ndi a Red Cross omwe ntchito yolumikiza mabanja amaidziwa, kuti makolo a anawa afufuzidwe komanso zikalata zawo zakubadwa zipezeke. Mwana amene makolo ake apezeka ndipo akufuna kupita aperekezedwe bwinobwino, osati kungomusiya padoko.

6. Pa kalembera wa thandizo la chakudya ndi Mtukula Pakhomo aliyense wodya pakhomopo awerengedwe.

7. Apolisi ndi mafumu alengeze poyera kuti wobwera kudzanena za ukwati wa mwana kapena za mwana wogwiritsidwa ntchito osalipidwa sadzafunsidwa za mapepala a mwanayo, wofunsidwa akhale wolakwayo.

8. Aphungu a kuchigwa, lamulo latsopano la othawa kwawo likamakambidwa mukatiyankhulire. Mukanene za ana okulira kuno, mukanenenso za akuluakulu aja adatsala nthawi ya nkhondo omwe mpaka lero alibe dziko, pakhale njira yoti munthu amene wakhala nafe zaka 30 mwamtendere athe kupempha unzika pa mtengo womwe mlimi angakwanitse. Ndipo okonza lamulowo abwere adzachititse msonkhano ku Nsanje boma, ku Bangula ndi ku Muona, asangomvera za ku Lilongwe ndi ku Dowa zokha.

Kwa inu abale ndi alongo omwe mukuwerenga, chonde tumizirani khansala wanu, phungu wanu, ahedi, abusa ndi ashehe, muiponye m'magulu a WhatsApp a kwanu, ndipo amene muli pafupi ndi agogo athu mafumu omwe sagwira foni muwawerengere. Ngati mukusunga mwana wotere musalembe dzina lake kapena kuika chithunzi chake poyera kufikira boma litalonjeza chitetezo chake. Mabwana, mnyamata wa pakhomo panga watsala pang'ono kufika msinkhu wa chiphaso ndipo ndidamulonjeza kuti sindimulembetsa pa dzina langa, ndiye ndikudikira yankho lanu. Mukafuna kudzaona nokha fikirani kwa mafumu a kwa Tengani ndi kwa Mlolo, makomo ake akuwadziwa.

Ndine wanu mwaulemu,
Mlimi komanso kochi wa mpira wa achinyamata,
Dera la mfumu yaikulu Tengani, Nsanje